Mdala wa ku Porto amene ankajambulabe mafilimu ali ndi zaka 105: ndi luso kapena ndi ndalama za bambo ake?

Kondwi_wa_Zingwangwa
Abale ndithandizeni. Mlamu wanga amene amakhala ku Portugal wabwera ku tchuthi ndipo wandiikira mafilimu asanu mu flash, onse a munthu mmodzi, Manoel de Oliveira. Akuti kumeneko dzina limeneli ndi lolemekezeka kwambiri. Dzulo ndinati ndiyambe ndi ina yotchedwa Vale Abraão. Ndinaphika tiyi, n'kukhala bwinobwino pa mpando. Anthuni, mphindi 40 zinatha popanda wothamanga, popanda womenya mnzake, kamera ili duu ngati mwini wake waiiwala, kwinaku bambo wina wosaoneka akungofotokoza nkhani ngati pa wailesi. Ndinadzidzimuka mayi a kunyumba akundigwedeza kuti ndikagone kuchipinda. Kuyang'ana, filimuyo ndi ya maola atatu ndi kanthu. Ndiye funso langa: vuto ndi ine kapena ndi filimuyo? Komanso mlamu akuti mdalayu ankajambulabe atapitirira zaka 100. N'zoona zimenezi kapena akundinamiza poona kuti sindinakwerepo ndege?

JoniBoy77
Vuto ndi tiyi. Mukanamwa khofi.

NaPhiri_ku_Gaia
Achimwene, mlamu wanu sanakunamizeni. Anabadwa pa 11 December 1908 mu mzinda wa Porto, anamwalira pa 2 April 2015 ali ndi zaka 106. Filimu yake yaifupi yotchedwa O Velho do Restelo inaonetsedwa ku Venice mu 2014, mwini wake ali ndi zaka 105. Ine ndimakhala tsidya lina la mtsinje wa Douro, ndikaima pa khonde Porto ndimamuona. Koma musadzimvere chisoni kuti munagona. Ndimagwira ntchito yosamalira okalamba, ndipo gogo wina amene ndimamusamalira amati akasowa tulo safuna mapiritsi, amangofuna Oliveira. Apwitikizi ambiri amamunyadira koma sanaonerepo filimu yake mpaka kumapeto.

Mai_a_Tadala
Zaka 105 akugwirabe ntchito? Ana ake analibe chisoni?

JoniBoy77
Ife zaka 45 msana wayamba kale kuitana makolo.

Mphunzitsi_Wopuma
Mwana wanga Kondwi, wayambira pakati pa dziwe pomwe sunaphunzire kusambira. Ndilole ndifotokoze pang'ono, chifukwa moyo wa munthuyu ndi umene umathandiza kumvetsa mafilimu ake.

Choyamba, sanayambe ngati munthu wodekha ayi. Ali mnyamata anali wothamanga, katswiri wodumpha ndi ndodo, ndiponso ankachita mpikisano wa magalimoto mpaka anakapikisana ku Rio de Janeiro. Mu kanema analowa ngati wosewera. Anaonekera mu filimu yopanda mawu ya Rino Lupo yotchedwa Fátima Milagrosa mu 1928, kenako mu 1933 anasewera mu A Canção de Lisboa, filimu ya nthabwala imene Apwitikizi amaikondabe mpaka lero. M'menemo iye ndi Carlos, mnyamata wooneka bwino, mnzake wa mwini nkhani amene ankaseweredwa ndi Vasco Santana.

Filimu yoyamba kuijambula yekha ndi Douro, Faina Fluvial ya 1931, ya mphindi pafupifupi 20, yopanda mawu. Imaonetsa anthu onyamula katundu pa doko la Porto, amayi osenza madengu, ng'ombe zokoka ngolo, maboti. Zithunzi zake zimathamanga kwambiri moti simungakhulupirire kuti ndi munthu yemweyo amene wakugonetsani dzulo. Itaonetsedwa ku Lisbon pa msonkhano wa olemba za zisudzo ndi mafilimu ochokera m'maiko osiyanasiyana, Apwitikizi ena m'holomo anaikuwiza, ati ikuchititsa manyazi dziko poonetsa alendo anthu osauka opanda nsapato. Koma alendowo, kuphatikizapo Luigi Pirandello, mlembi wa zisudzo wa ku Italy, anaiyamikira. Zimenezi zinamutsata moyo wake wonse: kwawo kumunyoza, kunja kumuombera m'manja.

Ndiye bwera ku chinthu chimene chimandidabwitsa ine. Filimu yake yoyamba yaitali, Aniki-Bóbó, inatuluka mu 1942 ndipo sinagulitse. Yachiwiri yaitali inadzatuluka mu 1963. Yachitatu kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970, iye atapitirira zaka 60. Tangowerengani. Pa zaka zimene munthu amakhala ndi mphamvu, anajambula mafilimu aatali awiri okha. Kenako kuyambira 1990, ali ndi zaka zoposa 80, anayamba kutulutsa filimu pafupifupi chaka chilichonse, ndipo anakwanitsa oposa 20.

Chikutumbwe
Aphunzitsi mwafotokoza bwino koma mwadumpha dala mfundo imodzi. Bambo ake anali ndani? Anali mwini mafakitale. Ankapanga zokongoletsera nsalu, anapanganso mababu a magetsi. Kamera yoyamba ija anagula ndi bambo ake. Galimoto za mpikisano si za mwana wa msodzi. Ndipo pa zaka zonse zimene mukuti anali chete, sankagona ndi njala, ankayang'anira minda ya mphesa ya banja la mkazi wake ku chigwa cha Douro. Ndiye tisamanamizane kuti ndi nkhani ya kupirira. Kudikira zaka 20 n'kosavuta ngati mosungira vinyo muli modzaza. Mnyamata wa ku Ndirande atadikira choncho mungamupeze akugulitsa mayunitsi.

Mphunzitsi_Wopuma
Sindinadumphe, ndinatopa kulemba ndi chala chimodzi. Zimene mwanenazo n'zoona zonse. Koma ana a anthu olemera ku Porto analipo ambiri, ndipo mayina awo sitikuwadziwa.

Chikutumbwe
Ndipo ana a anthu osauka aluso analiponso ambiri, mayina awo sitikuwadziwanso. Ndi mfundo yangayo.

Kamera_Mmanja
Pamenepa a Chikutumbwe ndikugwirizana nanu theka. Ndalama zinamusunga wamoyo, koma sizinamugulire chilolezo. Nthawi ya Salazar, wolamulira wankhanza wa Portugal, kuti ujambule filimu yaitali unkafunika thandizo la boma ndi chilolezo cha ofufuza, ndipo mapulani ake ambiri anakanidwa, anangotsalira pa pepala. Mu 1955 anapita ku Germany kukaphunzira kujambula zithunzi zamitundu, atabwerako anajambula O Pintor e a Cidade mu 1956, kamera akugwira yekha.

Koma chimene ndikufuna mumve ndi nkhani ya A Caça, kafilimu ka mphindi 20. Anyamata awiri apita kosaka opanda mfuti. Mmodzi wagwera m'dambo la matope ndipo akumira pang'onopang'ono. Mnzake wathamangira kumudzi kukaitana anthu. Anthuwo agwirana manja kupanga mzere kuti amukoke, koma ali pamzere pomwepo ayamba kukangana, mzere waduka, ndipo munthu amene ali kumapeto, woyenera kumugwira mnyamatayo, ndi woduka dzanja. Akungofuula kuti dzanja, dzanja. Filimu inathera pamenepo. Ofufuza aboma anati ayi, sizingathe choncho, mnyamatayo apulumuke. Anamukakamiza kuwonjezera mathero osangalatsa. Ndipo mu 1963 apolisi achinsinsi a PIDE anamugwira n'kumusunga masiku angapo ku Lisbon akumufunsa mafunso. Mwana wa mwini fakitale yemweyo.

Chikutumbwe
Masiku angapo. Ena anakhala zaka ku ndende ya Tarrafal ku Cabo Verde.

Kamera_Mmanja
Palibe amene wanena kuti anali womenyera ufulu. Iye mwini sananenepo. Anali Mkatolika, wa banja lolemera, wosakonda phokoso la ndale. Ndikungoti boma linamutsekera khomo, osati ulesi.

Mai_a_Tadala
Nkhani ya dzanjayo yandikhudza. Zili ngati komiti yathu ya mjigo.

Gogo_Chatsika
Inu ana mukudabwa za ofufuza mafilimu ngati ndi za ku Ulaya kokha. Kuno bungwe lofufuza linakhazikitsidwa ndi lamulo la 1968. Tinkapita ku Apollo ku Blantyre, filimu ili mkati, mwamuna ndi mkazi akuyandikizana nkhope, mwadzidzidzi kwacha ndipo ali pa msewu. Holo yonse kuwomba mluzu. Wailesi yakanema tinalibe mpaka 1999. Ndipo musaiwale kuti Kamuzu ndi Apwitikizi ankamvana, Jorge Jardim anali kazembe wapadera wa Malawi ku Beira. Lumo lake linali limodzi.

JoniBoy77
Agogo, ndiye mumapita ku Apollo ndi ndani? Tiyambire pamenepo.

Gogo_Chatsika
Ndi agogo ako aakazi, mwana wopanda mwambo iwe.

Wa_ku_Ulongwe
Moni nonse a ku Malawi. Ine ndili ku Angónia, Chipwitikizi ndinaphunzira kusukulu, ndiye mafilimu amenewa ndimawamva popanda mawu olembedwa m'munsi. Ndaonera atatu. Imene ndikufuna kuikamba ndi Non, ou a Vã Glória de Mandar ya 1990. Tinganene kuti mutu wake ukutanthauza "Ayi, kapena ulemerero wachabe wa kulamula". A Kondwi onani ngati ili mu flash yanuyo.

Imayamba ndi mtengo waukulu, kamera ikuuyang'ana nthawi yaitali ikuyenda pang'onopang'ono. Kenako tikuona asilikali a Chipwitikizi ali pa lole m'tchire la ku Africa, chaka cha 1974, nkhondo ya atsamunda ili kumapeto. Mkulu wawo wamng'ono, amene anaphunzira mbiri yakale, akuwafotokozera anzake mbiri ya Portugal, koma osati zopambana ayi, akusankha zogonja zokhazokha. Viriato, mtsogoleri wakale wa m'dera limenelo, kuperekedwa ndi anthu ake kwa Aroma. Nkhondo ya ku Toro ku Spain. Ndiponso ya ku Alcácer Quibir ku Morocco mu 1578, kumene mfumu yachinyamata Sebastião inapita ndi gulu lalikulu la nkhondo n'kukathera komweko. Wosewera mkulu wa asilikaliyo, Luís Miguel Cintra, amaonekanso m'zina mwa nthawi zimenezo. Kumapeto msilikaliyo wavulala, wamwalira m'chipatala, ndipo tsiku limene likulembedwa ndi 25 April 1974, tsiku limene asilikali anagwetsa boma ku Lisbon.

Ndi filimu yanzeru, sindikana. Koma ndinaionera ndi malume anga amene anaona nkhondoyo ndi maso kuno ku Tete, amene anathawirapo ku Dedza ali mnyamata. Itatha anakhala chete, kenako anafunsa kuti, "Nanga ife tili kuti m'menemo?" Ndipo n'zoona. Munthu wakuda amene ndikumukumbuka ndi wankhondo wa m'tchire amene waomberedwa, akuthamanga akukuwa atagwira pamimba. Salankhula mawu. Azungu akukambirana za chisoni chawo pa nthaka yathu, ife tili ngati mitengo ya m'mbali mwa msewu. Ku Wiriyamu, kuno ku Tete komwe, asilikali a Chipwitikizi anapha anthu mazana pa 16 December 1972. Za zoterezi lole ija siikamba.

Mphunzitsi_Wopuma
Achimwene a ku Ulongwe, mawu a malume anuwo ndi olemera ndipo sindingawatsutse. Ndingowonjezera kuti Oliveira ankalankhula ndi anthu a kwawo. Ana a sukulu ku Portugal anakula akuuzidwa kuti dziko lawo linasankhidwa ndi Mulungu kulamula nyanja. Iye anatenga mbiri yomweyo n'kuitembenuza, kuwaonetsa kuti nthawi iliyonse imene anafuna kulamula ena anabwerako ndi maliro. Kwa Mpwitikizi wa zaka 81 amene anakulira mu ufumuwo, si chinthu chaching'ono. Kukuwa kwa munthu uja ine ndinakumva ngati chinthu chokhacho m'filimu yonse chimene msilikali wophunzirayo alibe nacho mawu ochifotokozera.

Wa_ku_Ulongwe
Mwina. Koma kukuwa si kulankhula, aphunzitsi. Nkhani yathu anaijambula ena. Dziko la Mozambique litalandira ufulu pa 25 June 1975, boma linakhazikitsa Instituto Nacional de Cinema, ndipo ankayenda ndi magalimoto m'midzi kuonetsa mafilimu a nkhani otchedwa Kuxa Kanema. Ruy Guerra, amene anabadwira ku Lourenço Marques (lero Maputo) n'kukatchuka ku Brazil, anabwerera kudzajambula Mueda, Memória e Massacre, m'mene anthu a ku Mueda eni ake akusewera za kuphedwa kwa anthu kumene kunachitika kwawoko mu 1960. Imeneyo malume akanaionera sakanafunsa funso lija.

Kondwi_wa_Zingwangwa
Ndayang'ana. Muli Vale Abraão, Non, Aniki-Bóbó, ina yolembedwa Je rentre à la maison, ndi ina A Carta. Koma iyi ya Je rentre si Chifalansa? Mlamu wasokoneza?

NaPhiri_ku_Gaia
Sanasokoneze. Atakalamba anajambula mafilimu angapo m'Chifalansa, chifukwa ndalama zina zinkachokera ku France kudzera mwa Paulo Branco, amene anamupezera ndalama za mafilimu kwa zaka zoposa 20 kuyambira pa Francisca ya 1981. Akatswiri akuluakulu ankabwera okha: Catherine Deneuve, John Malkovich, Michel Piccoli. Marcello Mastroianni filimu yake yomaliza asanamwalire inali ya Oliveira, Viagem ao Princípio do Mundo, imene inatuluka mu 1997. Chosangalatsa n'chakuti Mastroianni akusewera ngati wojambula mafilimu wokalamba dzina lake Manoel, pomwe Manoel weniweniyo akusewera ngati dalaivala wa galimoto imene akwera. Paja anali wa mpikisano.

Kamera_Mmanja
A Kondwi, yambani ndi Je rentre à la maison, ndi ya ola limodzi ndi theka basi. Mutu wake ndi "ndikupita kunyumba". Michel Piccoli ndi wosewera zisudzo wokalamba ku Paris. Ali pa siteji, anthu akumudikira kuseri kuti amuuze kuti mkazi wake, mwana wake wamkazi ndi mkamwini afa pa ngozi ya galimoto. Wina aliyense akanationetsa maliro, misozi, nyimbo zachisoni. Oliveira ayi. Akudumpha, tikumupeza mdalayo patapita nthawi, akulera mdzukulu wake, akumwa khofi pa tebulo lomwelo tsiku lililonse, akuwerenga nyuzipepala yomweyo.

Pali malo amodzi amene anandisintha monga wojambula. Mdalayo wagula nsapato zatsopano zofiirira. Wakhala pansi ndi mnzake amene amamupezera ntchito, ndipo mnzakeyo akumufunsa za kusungulumwa, ngati sakufuna mkazi wina. Nthawi yaitali ya kucheza kumeneko kamera siili pa nkhope zawo. Ili pansi, pa nsapato. Ukumva mawu a munthu akuti ali bwino, koma ukuona mapazi akusuntha, akudzigomera nsapato ngati mwana pa Khirisimasi. Ndiye usiku wina wachifwamba akumulanda nsapato zomwezo, akubwerera kunyumba ndi masokosi. Ine ndinalira pa nsapato, pomwe pa imfa ya anthu atatu sindinalire. Mdalayu anatulutsa filimuyi ali ndi zaka 92.

Kamera ikakhala duu si kuti waiwala. Akukupatsa nthawi yoti uone wekha, m'malo mokukoka khutu kuti yang'ana apa, tsopano lira, tsopano seka.

JoniBoy77
Kulira chifukwa cha nsapato ndikukumvetsa. Anandivula zanga ku Hillbrow mu 2016, ndinalira opanda kamera.

Wa_ku_Ulongwe
Ndipo mukudziwa kuti mawu oti nsapato ndi a Chipwitikizi? Sapato. Filimu ina ili mu flash yanuyo, A Carta, ndi kalata yomweyi. Kapitawo ndi capitão. Mbatata ndi batata. Mumalankhula Chipwitikizi tsiku lililonse inu a ku Malawi osadziwa.

Mai_a_Tadala
Ii, ndiye mbatatanso ndi ya azungu? Nanga tisanakumane nawo tinkaitcha chiyani?

Mphunzitsi_Wopuma
Mbewuyo inachokera ku America, mayi, pamodzi ndi chimanga ndi chinangwa. Zinabwera pa zombo.

Mai_a_Tadala
Chimanganso? Aphunzitsi musandiwonongere tsiku.

Admin_Gulu
Tabwererani ku mafilimu chonde. Za chimanga tsegulani mutu wina.

Chikutumbwe
Ndibwerere ine. Funso limene palibe akulifunsa: mafilimu a maola anayi, ena asanu ndi awiri, amalipira ndani? Le Soulier de Satin ya 1985 ndi ya maola pafupifupi asanu ndi awiri. Ndani anagula tikiti? Ndi misonkho ya anthu. Woyendetsa basi ku Lisbon akulipirira filimu imene sadzaionera, kuti anthu ovala masuti akaombe m'manja ku Cannes.

NaPhiri_ku_Gaia
Mkangano umenewo kuno ulipo mpaka lero, simunauyambe ndinu. Unafika poipa mu 2000 ndi munthu wina, João César Monteiro, amenenso ankasewera m'mafilimu ake omwe. Analandira ndalama za boma n'kujambula Branca de Neve, filimu imene pafupifupi yonse chinsalu chili bii, mdima, ukungomva mawu a osewera. Anthu anakwiya koopsa. Poyerekeza ndi ameneyo, Oliveira ndi wachifundo, amakupatsako chithunzi.

JoniBoy77
Filimu ya mdima ife timaonera ulere magetsi akathima.

Kamera_Mmanja
A Chikutumbwe, Portugal ili ndi anthu pafupifupi 10 miliyoni. Msika wotere sungabweze ndalama za filimu, ngakhale ya nthabwala. Popanda thandizo sipakhala filimu ya Chipwitikizi, pamangokhala za ku America. Oliveira mwiniyo anabwerera ku ntchito chifukwa bungwe la Gulbenkian linaika ndalama m'gulu la ojambula achinyamata, ndipo achinyamatawo anati woyamba kujambula akhale mdalayu. Ndi mmene inabadwira O Passado e o Presente, filimu yake yachitatu yaitali ija. Ine pano ndili ndi nkhani yolembedwa kale, yakhala mu laputopu zaka zinayi. Ndimajambula maukwati ndi zinkhoswe kuti ndidye. Bungwe lina linandilonjeza thandizo, kenako linati ndisinthe nkhaniyo ikhale yophunzitsa anthu kusamba m'manja. Ndiye mukamanyoza dziko limene limapatsa wojambula ndalama n'kumusiya ajambule zimene akufuna, ine ndimangomeza malovu.

Chikutumbwe
Pepani achimwene, sindimanyoza inu. Koma mwaona, mwabwera ku mfundo yanga. Luso munali nalo kale. Chimene mulibe ndi munda wa mphesa.

Kamera_Mmanja
Apo mwandigwira.

Mlongo_wa_Limbe
Ine ndalowa mochedwa. Palibe watchula Acto da Primavera ya 1963, ndipo ndi imene ingatikhudze ife kwambiri. Anapita ku mudzi wa Curalha kumpoto kwa Portugal, kumene alimi ankasewera masautso a Yesu chaka chilichonse pa Sabata Loyera, monga timachitira Njira ya Mtanda ku maparishi kwathu Lachisanu Loyera. Sanabweretse akatswiri. Anajambula alimi omwewo, akutchula mawu akale moimba, atavala zovala zosokedwa kumudzi. Amakuonetsanso kamera ndi anthu ojambula, kuti usaiwale kuti ndi sewero. Yesu ataikidwa m'manda, mwadzidzidzi pakubwera zithunzi zenizeni za nkhondo ndi bomba la atomiki, kenako mitengo ikuchita maluwa. Ndinaionera ku seminale ina kumene ndinkaphika, abambo ankaonetsa ophunzira. Ndinakumbuka mnyamata wa kwathu amene ankasewera Yesu zaka zisanu zotsatizana mpaka asilikali achiroma anamukwapula zenizeni chifukwa cha ngongole.

Gogo_Chatsika
Ameneyo anali Yudasi wobisala.

Mphunzitsi_Wopuma
Ndikufuna ndiyankhe za munda wa mphesa, chifukwa nkhaniyo ili ndi mbali ina. Boma la Salazar ndi Caetano amene anamulowa m'malo litagwa mu 1974, fakitale ya banja lawo inalowa m'mavuto, antchito anailanda, ndipo Oliveira anatsala ndi ngongole. Anakakamizika kugulitsa nyumba ya ku Porto imene anakhalamo zaka pafupifupi 40 ndi mkazi wake Maria Isabel, amene anamukwatira mu 1940, m'mene analerera ana awo anayi. Ndiye taonani: pamene anali ndi chuma sankajambula, pamene chuma chinatha m'pamene mafilimu anayamba kusefukira. Sindikunena kuti umphawi unamuthandiza, sanakhalepo mmphawi ngati mmene timaudziwira ife. Ndikungoti masamu a Chikutumbwe sakutuluka bwinobwino.

Ndipo kwawo sanamulandire msanga. Amor de Perdição, yochokera m'buku la Camilo Castelo Branco, inaonetsedwa pa wailesi yakanema ya RTP mu 1978 m'zigawozigawo, yopanda mitundu chifukwa wailesiyo inali isanayambe kuulutsa zamitundu, ndipo anthu anainyoza kwambiri. Itakaonetsedwa m'maholo kunja n'kutamandidwa, m'pamene a kwawo anayamba kusintha mawu.

Asanatuluke m'nyumba ija anachita chinthu chimene sindinamvepo kwa wina. Mu 1982, ali ndi zaka 73, anajambula filimu ya nyumbayo, Visita ou Memórias e Confissões. Kamera ikuyenda m'zipinda, iye akuonekera akufotokoza za makolo ake, za mkazi wake, za kumangidwa kwake ndi PIDE, za imfa. Atamaliza anakaipereka ku Cinemateca Portuguesa, malo osungira mafilimu a dzikolo, n'kulamula kuti isaonetsedwe kwa anthu mpaka atamwalira. Ankaganiza kuti watsala pang'ono. Filimuyo inakhala m'kabati zaka 33. Anatsanzika, kenako anajambula mafilimu ena oposa 20 chitsanzikireni.

Mai_a_Tadala
Ngati agogo anga. Anagawa mbuzi zawo zonse mu 1998 ati ndikufa, anamwalira 2017. Zaka zonsezo ankangopempha mbuzi zawo zibwerere.

Chikutumbwe
Aphunzitsi, za nyumbayo sindinkazidziwa. Koma wogulitsa nyumba ndi amene anali nayo.

Mphunzitsi_Wopuma
Inu simugonja, ndakuzolowerani.

NaPhiri_ku_Gaia
Mkazi wakeyo anaonekeranso naye mu Cristóvão Colombo, O Enigma ya 2007, awiriwo akusewera ngati banja lokalamba, pomwe mdzukulu wawo Ricardo Trêpa akusewera bambo yemweyo ali mnyamata. Mayiwo anamwalira mu 2019 ali ndi zaka 101. Chaka chomwecho ku Serralves kuno ku Porto anatsegula Casa do Cinema Manoel de Oliveira, kumene amasunga mapepala ndi zinthu zake. Ndinapitako Lamlungu lina ndi mnzanga wa ku Cabo Verde chifukwa kunkagwa mvula ndipo tinalibe kopita. Ku Cannes anamupatsa mphoto yaulemu ya Palme d'Or mu 2008, chaka chimene anakwanitsa zaka 100, ndipo atamwalira boma linalengeza masiku awiri a maliro a dziko lonse. Gogo wanga uja wa mapiritsi analira tsiku limenelo, anandiuza yekha.

Kondwi_wa_Zingwangwa
Ndabweranso. Usiku wathawu sindinatsatire malangizo a Kamera_Mmanja, pepani, ana anakana za Chifalansa. Tinaika Aniki-Bóbó. Ndi yakuda ndi yoyera, ya ola limodzi ndi mphindi zochepa. Ana a m'misewu ya Porto, akusambira mu mtsinje, akuthawa sukulu, akuopa wapolisi. Kamnyamata kamanyazi, Carlitos, kakufuna kamtsikana kotchedwa Teresinha, koma pali mnzake wamatama Eduardo amene ndi mfumu ya gulu. Carlitos waba chidole m'sitolo, wayenda pa madenga usiku kukampatsa mtsikanayo. Kenako ana akuonerera sitima ikudutsa, Eduardo waterereka n'kugwera m'mbali mwa njanji, ndipo onse akuti Carlitos ndi amene wamukankha.

Mwana wanga wamkazi wa zaka 9 sadziwa Chipwitikizi ngakhale liwu limodzi, mawu a m'munsi sanawawerenge, koma pamene anzake anayamba kumusala Carlitos anaimirira n'kukalipira TV kuti sanamukankhe, ndinaona ine. Dzina la filimuyo ndi kanyimbo kowerengera pa masewera, kosankhira wapolisi ndi wakuba, ndipo m'mawa uno ndamva akukaimba kubafa molakwitsalakwitsa.

Sindinagone. Koma Vale Abraão sindikuibwereranso, mundikhululukire.

Kamera_Mmanja
Mudzaibwerera. Ipatseni zaka khumi.

JoniBoy77
Mwini wake anadikira 33, inu mukufulumira kuti?

Wa_ku_Ulongwe
A Kondwi, mukaonera Non mundiuze. Ndikufuna ndimve ngati mudzafunse funso la malume.

Kondwi_wa_Zingwangwa
Loweruka, magetsi akalola. Koma mlamu akufuna flash yake Lolemba, akuti mulinso zithunzi za chinkhoswe.